Maluwa achikasu a aphunzitsi

Kuseri kwa mudzi wathu ku Liwaladzi kuli malo a mchenga woyera amene palibe amawalimbirana. Ngakhale chinangwa, chomwe sichisankha nthaka, pamenepo chimakana. Pamamera timitengo tolekeza m'chiuno, ta masamba ang'onoang'ono otuwa, ndipo mvula ikamapita kumapeto timachita maluwa achikasu mbali zonse. Dzina lake lenileni sindinalimvepo. Kwathu tinkangoti tsache la m'khola, chifukwa ntchito yake inali imodzi: kusesera khola la nkhuku utitiri ukavuta. Fungo lake utitiri umathawa, anthunso salikonda.

Amuna angawa nthawi imeneyo anali mphunzitsi wachilendo pasukulu yathu, wongochoka kumene ku koleji, woyenda ndi nsapato zopolisha pamchenga. Ankabwera kwathu kudzagula mpunga kawiri pa sabata, chonsecho ankakhala okha. Mayi anga anafika pofunsa kuti, "Kodi aphunzitsiwa mpungawu amadya kapena amafesa?"

Lachisanu lina, anthu atatuluka ku mzikiti, ndinali pabwalo kuyanika chinangwa chovuula cha kondowole. Ndinawaona aphunzitsi aja akubwera dzanja limodzi lili kumbuyo. Atapereka moni anatulutsa mtolo wa maluwa aja, womangidwa bwinobwino ndi ulusi wofiira. Kutauni anaona kuti mwamuna akafuna mkazi amatero. Maso awo anali pa ine, koma mayi ndi amene anali pafupi, ndipo analandira ndi manja awiri.

"Aphunzitsi, mwadziwa bwanji kuti utitiri watipeza?"

"Ndi maluwatu, mayi," anatero motsitsa mawu.

"Eya, a maluwawo ndiye amphamvu. Iwe, siya chinangwacho, kasese m'khola alendo akadali pompano, aone kuti sanavutike chabe."

Ndinalowa m'khola chokwawa, mtolo uli m'manja. Ndinkadziwa bwino lomwe chimene maluwawo ankanena, ndipo ndinaseka mpaka misozi, nkhope nditayang'anitsa kukhoma. Aphunzitsi anaima panja atagwira kachitseko kuti thadzi lofungatira lisathawe. Nditatuluka anandifunsa ngati tsachelo linali lokwanira. Ndinati linachepa pang'ono.

Lachisanu lotsatira anabwera ndi mtolo waukulu, wopanda ulusi. Mayi anali atawatamanda kale kuchitsime, moti amayi awiri oyandikana nafe anadzapempha kuti nawonso aziwakumbukira. Aphunzitsi sanakane. Kwa mwezi wathunthu ankaoneka kumchenga kuja akaweruka, buluku atapinda, akuthyola timitengo, ndipo nsapato zija zinasiya kuwala. Ana asukulu anayamba kunong'onezana kuti aphunzitsi atsopano amadziwa zitsamba.

Pamapeto pake anaona kuti njira ya kutauni siyenda kuno. Anatuma amalume awo ochokera ku Dwangwa, amene anafika atavala mkanjo wochapa, nakhala pamkeka ndi amalume anga, n'kunena zimene anadzera m'mawu omveka. Tinakwatirana titakolola mpunga.

Patapita zaka, ndili ndi mwana wachiwiri kumsana, tikupeta mpunga pakhonde, ndinawafunsa mayi ngati tsiku lija sanazindikiredi.

"Ine? Tsache lomanga ndi ulusi wofiira unaliona kuti?" anatero osasiya kupeta. "Ndinkafuna ndione ngati munthuyo amapsa mtima akasekedwa. Iwe ndi pakamwa pakopo sukanakhala ndi mwamuna wosachedwa kukwiya."

Madzulo ake ndinawafotokozera amuna anga. Anavula magalasi awo n'kuyamba kuwapukuta ndi nsonga ya malaya.

"Ndiye kuti mudzi wonse unkadziwa?"

"Wonse, bambo."

"Ndi amayi awiri aja omwe?"

"Amenewo ndiye anayamba kudziwa. Mmodzi uja analibe ndi nkhuku yomwe."