Tsiku limene a Semba anapatsidwa mpando

Loweruka lapitali ndinaperekeza mkonzi wa nyuzipepala ino, a Semba, ku Limbe, ndipo ndinabwerako ndili ndi chisoni.

Mwamva kale kuti bamboyu akutisiya. Aitanidwa ku Salisbury kuti azikaonekera pa wailesi yakanema, bokosi lija akuti munthu amalankhula iwe uku ukumuona nkhope. Kuno silinafike. Paja zabwino za Chitaganya zimatopa zisanaoloke Zambezi.

Koma pali china chomwe simukuchidziwa. Kwa zaka zambiri a Semba anali ndi kachizolowezi kawo. Nyuzi ikatuluka ankavula tayi, n'kukwera basi ku Soche, ulendo wa pakhonde la sitolo ya Mmwenye wina ku Limbe, pomwe telala wotchedwa a Namakhwa amasokera. Pamenepo pamasonkhana amtengatenga, alonda ndi amayi odikira madiresi awo. Mmodzi amawerenga mokweza, enawo n'kumaweruza. A Semba ankangokhala phee pachitini chapalafini, ndipo onse ankawayesa kalaliki wosowa kochezera.

Zomwe ankamva pamenepo sizinali zotsekemera. Chaka china madzi atasefukira kuchigwa cha Shire, mayi wina wa ku Chiromo anamvetsera nkhani yonse, n'kunena kuti wolembayo akuoneka kuti sananyowepo ngakhale chidendene. Zinawapweteka a Semba, poti mchombo wawo unagwera komweko. Sabata yotsatira anakwera sitima kukadzionera okha, ndipo zomwe analemba atabwerako mpaka lero anthu amazikamba. Ine ndimati ukonzi wawo anauphunzira pachitini chija, osati kwa Amishoni.

Tsono sabata yatha eni nyuzipepala, pofuna kuwalemekeza, anaika chithunzi chawo patsamba loyamba.

Titangotulukira pakhondepo, makina a a Namakhwa anaima. Zipewa zinachoka kumutu. Mlonda wina anathamangira m'sitolo kukabwereka mpando, naupukuta ndi malaya ake. A Semba anayesa kukana, koma mungakane bwanji mpando anthu onse ataimirira?

M'basi anali atandiuza kuti ndemanga yawo yotsiriza, ya nyumba zodontha za ku Soche, anailemba mothamanga ndiponso mwamantha, osatchula komwe kwagona vuto. Ankayembekezera kuti pakhondepo aisambwadza, kuti aikonze asananyamuke.

"Mwaiona bwanji ya sabata ino, a Namakhwa?" anafunsa a Semba.

Telala uja, yemwe kale ankati mkonziyu amazungulira nkhani ngati galu wofuna pogona, anapinda manja.

"Yakoma, bwana. Ilibe chilema."

Ena onse anavomereza ndi mitu. Kenaka anayamba kupepesa pa zomwe akhala akunena zaka zonsezi, ati sankadziwa. A Semba anawachonderera kuti mawu amenewo ndiwo anawatsata, koma pomwe ankachonderera m'pomwenso anthu ankawonjezera ulemu.

Kodi si mmene tilili, abale anga? Munthu akakhala mnzathu timamuuza kuti malaya wavala chogadamiza. Akangokwera pang'ono, akhale mphunzitsi wamkulu, m'busa kapena kapitawo, timamusiya ayende choncho kuchokera ku Chichiri mpaka m'tauni, ife tikuwomba m'manja. Zoona zake timakanenera kuseri, kumene sizingamuthandize. Mawa akagwa timati anali wosamva. Akadamva chiyani, poti palibe ananena?

Sindikunyoza ulemu ayi. Nanenso ndinaleredwa nawo, ndipo ana anga ndimawaphunzitsa. Koma akuluakulu omwe anatiphunzitsa kugwadawo ndi omwenso anati wakutsina khutu ndi mnansi. Ife tinatolapo kugwada kokha. Masiku ano, pomwe aliyense akukamba zodzilamulira, nkhaniyi imandidetsa nkhawa. Ana a kuno akadzakhala pamipando yomwe pali Azungu lero, tidzatha kuwatsina khutu?

Pobwerera, titadutsa Chichiri, a Semba, akuyang'ana pawindo, anati, "Kumene ndikupitako ndizikalankhula ndi galasi, achimwene. Ndikalakwa adzandiuza ndani?"

Ndemanga ija nanenso ndinali nditaiwerenga isanasindikizidwe, ndipo mukudziwa kale zomwe ndinawauza: yakoma, bwana.

Nanga inu, munthu amene mumamulemekeza kwambiri uja, munamuuza liti kuti apa mwalakwa?