Madam apeza bonongwe wanga kuseri kwa nyumba

Mwaswera bwanji nonse. Lero mtima unatsala pang'ono kuima.

Madam ndi abwana abwera m'mawa uno kuchokera ku holide ku Greece. Iwo kulibe, ine ndinafesa bonongwe kuseri kwa nyumba, pamene pamadontha madzi a AC. Paja mbewu ija munandipatsa, amayi. Wakula mpaka m'mawondo, ndipo ndinaiwala kumuzula.

Masana ndangomva Madam akuitana kuseriko, "Esnart, taali!" M'chiyankhulo chawo ndiye kuti bwera kuno. Pabwalo pawo safuna ngakhale kaudzu. Ndinati basi, kontrakiti yathera pa ndiwo.

Ndawapeza atagwira tsamba, akuliyerekeza ndi chithunzi cha pa foni. Akuti pachilumba chomwe anali, munthu wowaperekeza ankawalowetsa m'malo odyera osiyanasiyana kuti alawe zakudya za Agiriki, ndipo chomwe chinawakomera kwambiri ndi masamba amenewa. Bonongwe weniweni, abale, wa pa chulu uja.

Andiuza kuti ndingomuwiritsa, ndithire mafuta a olivi ndi ndimu. Popanda tomato, popanda anyezi. Ndaphika momwemo. Mbale yabwerera yoyera, ndipo akuti ndisazule ngakhale mtengo umodzi.

Ndiye amayi, mukuona bwanji? Mawa ndiwaphikire wotendera, kapena ndisawazoloweze, angandithere dimba?