Chimbuya cha azungu awiri

Ndikamva fungo la utuchi, ndimakumbukira chaka chomwe mafakitale a ku Kafue ankachotsa anthu ntchito. Batate atachotsedwa, azungu awiri, wa ku Denmark ndi Mngelezi, anawalemba ntchito yopala matabwa ku Shimabala.

Tsiku lina nditapita nawo, ndinamva Mngelezi uja akukalipira mnzake m'Chinyanja chake chopotoka: "Makolo ako anabwera ndi mabwato kudzatitenthera midzi!"

"Inde," anayankha winayo, "koma tinakuphunzitsani kusamba!"

Ndinalira, poganiza kuti akamenyana ntchito itheranso pomwepo.

Batate anaseka mpaka kugwetsa sowo. "Iwe, ni chimbuya chabe, kunyozana kwa nthabwala monga ise Angoni na Abemba."

Sanamenyane ayi. Chibale chobadwira m'nkhondo yakalekaleyo n'chomwe chinatidyetsa mpaka ndinamaliza sukulu.