Chingwe Chakuda Pabwalo la Che Fakihi

Mwanaheri anabadwira ku Maniamba, kumtunda, kumene mwana amadziwa kuyang'ana tsamba la chimanga asanadziwe kulemba dzina lake. Anatsikira kunyanja atakwatiwa ndi Ayubu, msodzi wa m'mudzi wina wa ku Lunho, ndipo anafika atasenza kamtanga ka mbewu. Akazi a kunyanja anamuseka. Anati kuno chakudya ndi chinangwa, mchenga subala chimanga. Iye sanatsutse. Anangotipula kuseri kwa nyumba, pamene madzi ochokera kuphiri amasiya dothi lakuda, n'kudzala.

Ntchito zake zinalibe dzina. Ayubu ankatchedwa msodzi, koma usipa umene ankabwera nawo, wouyanika pathandala, woutembenuza, wouthamangira mitambo ikada, anali Mwanaheri. Kuviika chinangwa, kusinja, kutunga madzi, zonsezo zinkangochitika ngati zikudzichita zokha. Ndipo chiyambire pamene bambo a Ayubu, Che Fakihi, anagwa n'kufa ziwalo mbali imodzi, panawonjezeka kuphika phala lofewa ndi kuchapa zofunda tsiku lililonse.

Che Fakihi kale ankawolotsa katundu pa ngalawa ya matanga kupita ku Likoma. Tsopano ankagona m'chipinda chakumbuyo, lilime likulemera, mawu akutuluka theka. M'banja limenelo mtengwa salowa kumene apongozi ake aamuna amagona, sawayang'ana kumaso, sawakhudza. Zaka zonsezo Mwanaheri ankawadziwa ndi mapazi ndi mawu basi. Phala ankagwada nalo pakhomo, ndipo mlamu wake Nasma, mwana wa mkuluyo, ndiye ankalowa nalo. Kusambitsa kunali kwa Ayubu. Zofunda zonyowa ankazipeza zitaunjikidwa panja pa nsalu yotchinga pakhomo, n'kuzitola. Alendo akabwera kudzazonda wodwala, ankayamikira Nasma kuti bambo ake akugona paukhondo.

Chaka chimenecho chimanga chitafika m'mawondo, munalowa mbozi zija zimene wailesi ya kutsidya kwa nyanja imati ntchemberezandonda, kuno anthu amangoti lagarta. Mbozi imeneyi siioneka. Ikakhala yaing'ono imabiriwira ngati tsamba lenilenilo, ndipo masana imabisala mu mtima mwa phesi, pamene masamba atsopano amatulukira atapindana. Munthu amangoona timabowo ndi zitosi zonga utuchi. Kagulugufe kamene kamaikira mazira ake nako n'kotuwa ngati khungwa, kakatera pamtengo umakapitirira. Mwanaheri ankadzuka m'mamawa kukafunyulula phesi limodzilimodzi ndi zala, n'kumazifinya, koma zinkachuluka kuposa manja ake.

Mayi wina wa ku Likoma, wodzagula ufa wa chinangwa, ndiye anamuuza za msuzi wa usipa. Anati uwiritse mitu ndi zotsala, msuziwo ukazizira uthire pang'onopang'ono mu mtima mwa phesi. Fungo limaitana nyerere, nyerere zimakwera, n'kuitulutsa mbozi mmene yabisalamo. Mwanaheri anayesa, ndipo zinathekadi. Ayubu anamuseka kuti chimanga chake chayamba kudya ndiwo ngati munthu, posachedwa chidzafuna ndi tiyi. Msuzi wotsala ankausunga mumphika, mumthunzi wa khoma lakumbuyo, pomwe agalu safikapo. Khoma limenelo linali la chipinda cha Che Fakihi, ndipo m'munsi mwake munali mng'alu.

Tsikulo linali Lachisanu. Mvula inali itagwa usiku wonse, kunja kunacha kuli mitambo. Ayubu anasambitsa bambo ake, n'kuvala mkanjo woyera, n'kupita ndi amuna anzake ku swala ya Juma, kumzikiti wa kumapeto kwa mudzi. Nasma anatenga dengu kupita kuseri kwa miyala kukavuula chinangwa chake. Pakhomo panatsala Mwanaheri ndi wodwala.

Akuchokera kunyanja ndi ndowa pamutu, anaona ndi ngodya ya diso chingwe chakuda chitagona pabwalo, kuchokera muudzu wa kumtsinje mpaka kuseri kwa nyumba. Pabwalo la msodzi zingwe sizisowa. Za khoka la chilimira zakutha, zonyowa, zakuda ndi matope, Ayubu ankazisiya paliponse, ndipo Mwanaheri anali atazolowera kuzilumpha. Ndowa inali yodzaza, khosi silikanalola kuwerama. Anang'ung'udza kuti munthu wamkulu sadziwa kukoleka zingwe zake, anatambasula mwendo, n'kudutsa. Akanakhala kwawo ku Maniamba, kumene pansi sipagona zingwe, akanaima.

Atatula madzi analowa m'chimanga chake. Anawerama pa phesi loyamba, lachiwiri, akusuzumira mkati. Kenako tsamba lina linayenda. Anayang'anitsitsa: sinali tsamba, chinali chiwala chobiriwira, mapiko ake okhala ndi mitsempha ngati ya tsamba, chikukwera phesi mofulumira. Pambali pake kamtengo kouma kanatulutsa miyendo n'kuyamba kuthawa. Chiswamphika chimene chinali phee ngati udzu chinauluka. Pansi zinyalala zinayamba kutakataka, akangaude, nkhululu, mphemvu, zonse zikulowera mbali imodzi. M'munda umenewo ankalowamo tsiku ndi tsiku, koma sankadziwa kuti muli zamoyo zochuluka chotero. Zonse zimene zimapulumuka pokhala chete ndi kufanana ndi pamene zakhala, lero zinali zitasiya kubisala.

Chimene chimachititsa zimenezi n'chimodzi chokha. Mwanaheri anaweramuka n'kutchera khutu. Anamva kaphokoso konga mvula yowaza pa masamba ouma, pomwe mvula sinali kugwa.

Anathamangira pabwalo. Chingwe chija chinali chitatambasuka. Chinali linthumbu, nyerere zoluma zija zoyenda pamzere, zazikulu mitu zitalumikizana miyendo pamwamba kuphimba zinzake zoyenda pansi, n'chifukwa chake poyamba zinkaoneka ngati chinthu chongogona. Tsopano zinali zitamwazikana kuseri konse. Mphika wa msuzi sunkaonekanso, unali mulu wakuda wonyezimira. Kuchokera pamphikapo mzere wina wokhuthala unali kulowa mu mng'alu wa khoma.

Mkati Che Fakihi anali kubuula. Ankabuula kawirikawiri, ndipo Mwanaheri ankawayankha ali panja, kuwauza kuti Nasma akubwera. Koma kubuula kwa lero kunali kwina, kodukaduka.

Anaitana Nasma mpaka kukhosi kunawawa. Mkokomo wa mafunde unameza mawuwo. Anayang'ana njira ya kumzikiti: kupita ndi kubwera, linthumbu likhala litamaliza ntchito yake. Ali mtsikana anaonapo mbuzi yomangidwa pachikhomo imene linthumbu linaipeza eni ake ali kumunda. Anatapa phulusa lotentha pamoto n'kuwaza pa mng'alu, koma zimene zinali zitalowa kale phulusa silikanazibweza.

Anagwada pakhomo la chipinda, monga ankachitira ndi phala.

"Bambo, ndine. Ndilowe?"

Kenako mawu olemera aja anatuluka movutikira: "Ayi. Ayubu. Itanani Ayubu."

"Ali ku Juma, Bambo."

"Nasma."

"Kulibe munthu. Ndatsala ndekha."

Pansi pa nsalu yotchinga panatuluka mphemvu ziwiri zikuthamanga, nyerere zitazikakamira m'miyendo. Mwanaheri anayang'ana manja ake ali pamaondo. Anaganiza za mayi ake, amene tsiku lomuperekeza anamulangiza kuti chilichonse angalakwitse kuchitengwa chidzakhululukidwa, koma osati ichi. Kenako kubuula kuja kunasanduka kutsamwa.

Anakankha nsaluyo n'kulowa, maso ali pansi. Mapazi aja amene ankawadziwa anali akuda mpaka m'akakolo. Linthumbu linali litakwera miyendo ya bedi, litalowa m'mkanjo, lili m'ndevu. Dzanja lawo lamoyo linali kumenya pachifuwa mopanda mphamvu. Mwanaheri anataya chofunda, anawadzutsa, anatembenuka n'kuwakokera kumsana, n'kuwamanga ngati khanda ndi kapulana wake, chitenje chimene anavala. Anadabwa kupepuka kwawo. Nyerere zinatsikira pa iye nthawi yomweyo, m'khosi, m'khwapa, m'chiuno, koma analibe dzanja loti azichotsere.

Anatsetsereka nawo pamchenga mpaka kunyanja, nalowa m'madzi mpaka m'chiuno, n'kuwakhazika pamalo osaya atawatsamiritsa pabondo lake. Madzi okha sachotsa linthumbu. Likaluma silisiya, ngakhale ulidule thupi mutu umatsala. Panalibe njira ina. Anawavula mkanjo.

Che Fakihi anatseka maso. Mwanaheri anayamba kuzula imodziimodzi, pamimba, m'nthiti, m'ntchafu, ndi zala zomwe zija zofunyulula chimanga. Atafika kumutu anayenera kuyang'ana. Zinali m'mphuno, pazikope, ina ikulowa m'khutu. Anaikoka ndi kaudzu, akuwagwira chibwano kuti asagwedezeke. Aka kanali koyamba kuona nkhope ya munthu amene anamuphikira zaka zonsezi. Anali ndi chipsera pamwamba pa nsidze, ndipo mphuno yawo inali yeniyeni ya Muzna, mwana wa Mwanaheri, amene anali pasukulu ku Metangula. Palibe anali atamuuzapo zimenezo.

Amuna pochokera kumzikiti anawapeza pomwepo, mkulu atafunditsidwa kapulana wa mtengwa wake, mtengwayo ali ndi andiloko yokha, thupi lonse zidzolo. Ena anatembenuka kuyang'ana kumapiri. Ayubu analowa m'madzi ndi mkanjo wake woyera, nanyamula bambo ake. Nasma anafika akuthamanga, dengu atalitaya m'njira.

"Alamu, mwawavula bambo?"

"Ndawavula."

"Simukanathamangira anthu?"

Mwanaheri anali kuzula mitu ya nyerere pamkono pake.

Madzulo ake amuna anatentha udzu kuzungulira nyumba, linthumbu linasonkhananso pamzere n'kubwerera kumtsinje. Nkhuku imene inkafungatira m'khitchini anaipeza itafa pa mazira ake. Mphika wa msuzi unapezeka woyera ngati wotsukidwa, ndipo nkhani inayenda m'mudzi kuti mayi wa ku Maniamba anaitana linthumbu ndi ndiwo za chimanga chake. Akazi ena anati mwina mkuluyo akanasankha kufa kusiyana ndi manyazi amenewo. Mwanaheri anauza mwamuna wake kuti linthumbulo analiona m'mawa, koma analiyesa chingwe cha chilimira. Ayubu anatuluka n'kuyamba kutola zingwe zonse pabwalo, n'kuzikoleka mumtengo wa mango.

Che Fakihi anatupa nkhope, anatentha thupi masiku angapo, ndipo pakhomo palibe ankadziwa chimene adzanene akadzapeza mphamvu. Nasma ankati akulu akale ankabweza mtengwa kwawo pa zinthu zochepa kuposa izi. Mwanaheri anapitiriza kugwada panja pa nsalu ndi phala, ndipo mumtima anali atayamba kale kuganiza za njira yokwera ku Maniamba, ndi amene adzakolole chimanga chake.

M'mawa wina mkuluyo anaitanitsa ana ake onse awiri, nalamula kuti nsalu yapakhomo aipinde. Mwanaheri anagwada pamalo ake, maso pansi. Mawu anatuluka pang'onopang'ono, Ayubu akubwereza pomwe sanamveke.

"Apongozi awa andiona. Agwirireni tambala uja muwapatse. Asandithawenso."

Umenewo ndiwo mwambo wake: mphatso ikaperekedwa, kuthawana kwatha. Ayubu anathamangitsa tambala pabwalo lonse, nkhuku ikumuzemba, mpaka Nasma yemwe anaseka. Atamuika m'manja mwa Mwanaheri, Che Fakihi anakodola ndi dzanja lawo lamoyo kuti alowe ndi phalalo yekha. Analowa. Anawamwetsa, ndipo anaona kuti amatsamwa chifukwa Nasma ankawapatsa atagona chagada. Anawaika mtolo wa nsalu kumsana, phala linatsika bwino.

Kuyambira pamenepo Nasma anayamba kubwera mwa apo ndi apo, poti tsopano alamu alipo. Ayubu naye akachedwa kunyanja sankadandaulanso za kusambitsa. Phala, zofunda, kutembenuza wodwala kuti asatuluke zilonda, kumutulutsa padzuwa, zonse zinatsalira Mwanaheri, ndipo alendo odzazonda anayamba kunena kuti Ayubu amasamala bambo ake.

Chimanga chinapulumuka. Linthumbu podutsa linasesa mbozi zonse, ndi zobisala mkatikati zomwe. Msuzi wa usipa Mwanaheri sanausiye, koma mphika wake tsopano amaupachika pamtengo kumapeto kwa munda. M'mawa uliwonse, asanasenze ndowa, amazungulira nyumba ndi kandodo, ndipo chilichonse chakuda chogona pansi amachigunda kaye kuti aone ngati chiyende. Che Fakihi amamva mapazi ake kuseri kwa khoma, ndipo amadikira mpaka amalize kuzungulira, kenako n'kuitana kuti awatembenuze.