Fomu Imene Amuna Anga Anakana Kusaina

Chaka chimene fakitale ya nsalu inachotsa anthu ambiri ntchito, amuna anga anali m'gulu la ochotsedwawo. Tinkakhala ku Nangongwe m'nyumba ya zipinda ziwiri, ife, ana awiri, ndi apongozi anga amene anabwera kuchokera ku Katete kudzaona mdzukulu koma anaiwala kubwerera. Amuna anga anayamba kukaoda salaula, zovala zakaunjika, ku Lusaka. Masiku amenewo aliyense wolandira ndalama zopumira ntchito ankagula minibasi, matayala ake osalala ngati chipumi.

Lachiwiri lina minibasi imene amuna anga anakwera inaphulika tayala itangodutsa pa Shimabala, nkugubuduzika. Palibe anafa. Amuna anga anagona m'chipatala miyezi iwiri, nkutuluka ndi chitsulo m'bondo lakumanja. Bondolo linakaniratu kupindika. Kutchalitchi ankakhala kumapeto kwa benchi, mwendo uli tambalale munjira, otolera chopereka nkumaudumpha.

Mwini minibasiyo anali ndi inshuwalansi, zimene zinadabwitsa aliyense. Akampani anatitumiza kwa dokotala, amene anagogoda bondolo, kulikankha, kulikoka, kenako nkulemba pafomu kuti uku ndi kulemala kosatha. Chotsala chinali choti mwini bondo asaine, chipukutamisozi chituluke.

Titafika kunyumba amuna anga anaiwerenganso fomuyo, nkuiika pathebulo.

“Sinizasaina,” anatero. “Ine ninachila kale m'dzina la Yesu. Nikasaina ndiye kuti navomela.”

Tonse awiri tinali obadwanso mwatsopano, opemphera m'kalasi ya sukulu imene mpingo unkabwereka. Nanenso ndinkakhulupirira machiritso. Koma ndinenso ndinkadziwa pamene ufa wafika m'thumba.

Apongozi, amene anakulira mumpingo wakale wa amishoni, sanachedwe. “Mwanawe, ngati wachira, tagwada tione.”

Amuna anga anati munthu amatha kupemphera choimirira.

Fomuyo inakhala pansi pa wailesi milungu itatu. Ndinayesa zonse. Ndinawaphikira nsomba zakumtsinje ndi nshima yofewa, anadya nkuthokoza, osasaina. Ndinasiya kuwalankhula masiku awiri, iwo nkumauza anansi kuti ndikusala. Tsiku lina ndinayeserera kusaina dzina lawo kuseri kwa kalendala, ndipo linafanana kwambiri moti ndinachita mantha nkulapa pomwepo.

Pomaliza ndinapita kwa abusa. Anali achinyamata, ochotsedwa nawonso ntchito kufakitale ya feteleza kumene ankakonza magetsi. Anabwera masana, anamwa munkoyo makapu awiri, nkuiwerenga fomuyo pang'onopang'ono, chala chili pamzere.

“M'bale, analemba ichi ndani?”

“Adokotala, abusa.”

“Ndiye kosathaku nkwa adokotala. Akuvomera pano kuti iwo alephera. Kodi akunama?”

“Sakunama.”

“Nanga mukana bwanji kuchitira umboni kuti anthu alephera? Dzina la Mulungu silinalembedwepo apa. Iye fomu yake ndi ina.”

Amuna anga anasisita bondo. Kenako anati, “Amake mwana, nipatseni peni.”

Ndinathamangira kuchipinda ngati nyumba ikupsa. Anasaina bwinobwino, abusa anati aleluya, apongozi anaimba nthungululu. Palibe anaona kuti pansi pa dzina lawo amuna anga awonjezera timalembo ting'onoting'ono: mpaka Ambuye atanena zina.

Anaona ndi mayi wa pa ofesi ya inshuwalansi ku Lusaka. Anavala magalasi, anawerenga mokweza, anzake onse nkuseka mpaka wina anatsamwa tiyi.

“Atate, mau awa ni abwino,” anatero mayiyo, “koma fomu mwaiononga. Mubwelele kwa dokotala.”

Tinabwerera. Dokotala anagogodanso bondo lomwelo, nkufunsa ngati pali kusintha. Amuna anga atangotsegula pakamwa ndinawatsina pamsana. Posaina ndinaima pambali, ndipo atangomaliza chilembo chomaliza ndinasolola pepalalo peni isanatsikenso.

Ndalama zinatuluka patapita miyezi yambiri, mitengo ya zinthu itakwera kawiri katatu, moti zimene tinkalota kuti tigula minibasi yathu zinangokwana makina osokera ndi malata a kantemba. Sindinadandaule, maminibasi ndinali nditakhuta nawo. Amuna anga anaphunzira kupalasa makina ndi mwendo wakumanzere, wakumanja atausanjika pakireti, nkumachepetsa mathalauza a salaula amene ankabwera aakulu ngati matumba. Ogwira ntchito a ku Kafue Estates ankasiya zovala m'mawa popita kokwera basi, nkuzitenga pobwerera. Apongozi anadzipatsa okha udindo wosoka mabatani, ndipo anausunga zaka zisanu ndi chimodzi.