Dothi la pachulu la malemu amuna anga

Amuna anga anagwira ntchito ku nazale ya tiyi pa esiteti mpaka imvi. Atapuma anayamba kanazale kawo kuseri kwa nyumba kwathu ku Chimaliro. M'machubu sankathiramo dothi wamba. Ankasakaniza dothi la pachulu ndi phulusa la masamba a nthochi, ndipo ankati timitengo ta tiyi timagwira mizu msanga. Anzawo ankawaseka, koma podzagula mbande ankabwera omwewo.

Atamwalira, nzeru imeneyi inatsala m'mutu mwanga mokha, ine amene sukulu ndinalekezera sitandade folo. Ndinkaopa kuti tsiku londiika ine adzaikanso nzeruyo.

Mwana wanga wamkazi ndi mphunzitsi ku Thekerani. Atabwera pa holide anandionetsa pafoni buku lalikulu la pa intaneti, limene aliyense amatha kulembamo, ngakhale m'Chichewa. Ndinamukhazika pampando pomwepo. Ine ndinkanena, iye akulemba: muyezo wa phulusa, mtundu wa chulu, kathiriridwe. Atamaliza ndinaona dzina la bambo ake pagalasi la foni, ndipo ndinalulutira ndekha ngati pa ukwati.

Foniyo ndinayenda nayo masiku awiri. Ndinaonetsa amayi a m'kalabu yathu ya alimi a tiyi, ndinaonetsa a kutchalitchi, mpaka dalaivala wa thirakitala yonyamula masamba. Tsiku lachitatu titatsegula, nkhani ija panalibe. Panangotsala mawu akuti yachotsedwa chifukwa ndi maganizo a munthu mmodzi, osasindikizidwa kwina kulikonse.

Ine ndinamva ngati akunena kuti amuna anga anali abodza. Kwathu kuno munthu akakukanira, umaitana mboni. Ndinazungulira nyumba za amene anagulapo mbande zathu, ndipo aliyense anadinda chala papepala. Inki tinachita kufinya m'bolopeni. Mayi wina anadinda zala ziwiri, akuti china ndi cha amuna ake amene anali ku fakitale. Mwana wanga anaseka mpaka misozi, nati kumeneko si kubwalo la milandu, komabe anajambula pepalalo n'kutumiza.

Yankho linabwera m'mawa mwake, lochokera kwa mmodzi wa anthu ongodzipereka amene amayang'anira bukulo. Linali laulemu. Mwana wanga anawerenga pang'onopang'ono:

"Mayi, pepani ndi maliro. Sitikunena kuti bambo ananama. Koma ife sitingafike kunazale kwanu, ndipo wowerenga wakutali sangafunse mboni zanu. Timangolemba zimene ena anaziyesa kale n'kuzisindikiza, kuti wokayikira akaone yekha."

Anapitiriza kuti akalola nkhani yathu, mawa wina adzalemba kuti amalume ake anapeza mankhwala a matenda onse, naye ndi zala khumi papepala, ndipo sadzakhala ndi pomukanira. Amalume otere ine ndimawadziwa awiri. Anamaliza ndi kunena kuti nzeru yatsopano imayambira kwa alangizi a zaulimi ndi ofufuza, m'bukumo imafika pomaliza.

Sindinadikire. Ndinavala nsalu n'kukawapeza alangizi a kalabu yathu ali pa sikelo yoyezera masamba a tiyi. Anandimvetsera, kenako anandifunsa ngati malemu anadzalapo m'dothi wamba pambali, tsiku limodzi, madzi amodzi, kuti aone kusiyana. Ndinati ayi, iwo dothi wamba sankalifuna n'komwe.

"Ndiye tidziwa bwanji, mayi, ngati linali dothi kapena manja awo?"

Funso limenelo linandiluma, koma linali loona. Amuna anga ankasamala mbande ngati makanda.

Tinagwirizana zoyesa. Amayi a kalabu anabwera ndi makasu, tinagumula chulu, tinaotcha masamba a nthochi mudzi wonse kununkha utsi. Tinayala mabedi awiri, lina la dothi la malemu, lina la dothi wamba, timitengo tochokera pa tchire limodzi. Alangizi anati zikasiyana, atumiza zotsatira kwa ofufuza za tiyi kuti nawo ayese. Anandiletsa kukondera pothirira, ndipo anaika mayi wa zala ziwiri uja kuti azindilondera.

Miyezi itapitapo ndinalephera kupirira. Ndinang'amba chubu chimodzi cha bedi la malemu, ndipo mizu yoyera inali itadzaza. Ndinathamanga nacho kwa alangizi mpango uli m'manja. Iwo anachiyang'ana, anamwetulira, n'kundifunsa ngati ndang'ambanso cha bedi linalo.

Tinabwerera limodzi, amayi atatu akutitsatira. Ndinagwada pa bedi la dothi wamba, ndipo ndinawauza alangizi kuti asankhe okha chubu, ndi kulemba chilichonse chimene tipeze.