Phula la Fodya pa Mpira wa Pepala

Linali pepala la kalendala yakale, losalala mbali imodzi, lodulidwa kuti mbali zonse zinayi zifanane. Langa linali ndi theka la chithunzi cha thirakitala. Aphunzitsi athu a Sitandade 4 anatigawira mapepalawo mu Januwale, nati lero tipanga mpira wopanda chikopa.

Kapindidwe kake sindinakaiwale. Umapinda kona ndi kona, nkukankhira m'mbali mkati, kenaka nkukweza timakutu tinayi ndi kulowetsa nsonga zake m'timatumba. Kumapeto kumatsala kabowo. Ukauzira pamenepo kamodzi mwamphamvu, chinthu chophwatalala chija chimadzuka m'manja mwako nkukhala mpira.

Ine ndinali mwana wa matenanti. Tinachoka ku Phalombe, ine ndi amayi, kutsatira amalume amene ankalima fodya pa esiteti ina kufupi ndi Mtunthama. Chinali chaka chathu chachiwiri. Pa kuwerenga ndinali wakumbuyo chifukwa chojomba, koma zala zanga zinazolowera singano ndi chingwe, ndipo mpira wanga ndi umene unayamba kudzuka. Aphunzitsi anaukweza m'mwamba. Anati mwezi wamawa kubwera alendo a ku boma kudzayendera sukulu. "Iwe ndi amene udzapinde pamaso pawo." Palibe amene anali atandisankhapo pa chilichonse.

Kenaka fodya anakhwima. Tinkalowa m'munda mame asanaume, kuthyola masamba a m'munsi ndi kuwasenza mpaka ku chigafa, kumene amasokedwa ndi kupachikidwa kuti aume. Belu loyamba ndinkalimvera kumeneko, nkuyamba liwiro. Fodya wamuwisi amasiya phula m'manja, lakuda, lomata, lowawa ukaiwala nkunyambita chala. Madzi okha salichotsa.

Lachinayi, loti mawa alendo afika, aphunzitsi anandipatsa pepala latsopano kuti ndiyeserere. Paliponse pamene ndinagwira panatsala chidindo cha chala. Timakutu tinamatirirana. Ndinauzira, mpira osadzuka. Ndinauziranso mpaka chizungulire, milomo ikuwawa. Anzanga anaseka. Aphunzitsi sanaseke. Anagwira manja anga nawatembenuza monga amatembenuzira tsamba posankha fodya, kenaka anayang'ana manja a ana ena a pa esiteti. Tinalipo asanu ndi mmodzi.

"Mawa mupumule kunyumba," anatero motsitsa mawu. "Nonsenu."

Lero ndikudziwa chimene alendowo ankafufuza: ana ogwiritsidwa ntchito m'minda ya fodya. Ndikudziwanso kuti sukuluyo inali pa malo a mwini esiteti, nyumba ya aphunzitsi pamenepo pomwe. Aphunzitsiwo anali ndi ana awoawo ofuna pogona. Ndayesa kuwakhululukira pa chifukwa chimenecho, koma sizinatheke kwenikweni.

Pa nthawiyo ndinamva chimodzi chokha: manja anga ndi akuda. Ndinapita kudambo ndi phulusa, mchenga ndi ndimu ziwiri. Ndinakhula mpaka phula linachoka, linachokera limodzi ndi khungu. Ndimu inkaluma ngati moto. M'mawa ndinavala yunifolomu, ndinazemba kuseri kwa nyumba.

Amalume anandipeza pa mlatho wa mitengo, atabwereka njinga ya kapitawo. Sanandimenye. Anandigwira dzanja losupuka lija, ali wefuwefu.

"Mphwanga, ufuna tikagone kuti? Akatithamangitsa pano, ku Phalombe tinasiyako munda?"

Tsiku limenelo mwana wa pa esiteti sanaloledwe kumunda, sanaloledwenso kusukulu. Anatikhazika pakatikati pa chigafa, pamene masamba olendewera amabisa munthu. Munali fungo lotsamwitsa. Amayi ankasoka fodya chapafupi osandiyang'ana. Nditayamba kufwenthera, anangoti, "Khala chete mwanawe, galimoto idutse." Galimoto ya alendo ija inadutsa kawiri, popita ndi pobwerera. Tinangoona fumbi ndi matayala kudzera m'mipata ya masamba.

Chifukwa cha zilonda, Loweruka ndi Lamulungu amayi sanandilole kugwira fodya. Lolemba ndinamva kuti amene anapinda mpira pamaso pa alendo anali mwana wa mwini golosale. Mpira wake unadzuka mbali imodzi yokha, komabe alendo anaomba m'manja.

Nthawi yopuma ndinadikira kuti anzanga atuluke, ndinapita kutsogolo ndi kutambasula manja pa tebulo. Zilonda zinali zitayamba kuuma.

"Aphunzitsi, taonani. Ayera."

Sanawayang'ane. Anatsegula buku, nalitsekanso. "Wachita bwino," anatero. "Pita ukasewere."

Ndinatuluka ndikudzida ndekha. Mumtima ndinkati, ndikanakhula Lachitatu, bwenzi atandilola. Ndinachedwa ndi tsiku limodzi lokha. Zimenezi ndinazikhulupirira kwa zaka zambiri.